Disiki yakana kutseguka pa kompyuta ina: mudzere njira iti kuti mafayilo atuluke bwinobwino?

Mwalumikiza hadi disiki ya mnzanu pa laputopu yanu ya Windows. Kompyuta yalira kaphokoso kake kaja, inu mukudikira kuti mafoda aoneke. M'malo mwake kwatulukira kabokosi kolankhula mwaulemu: "You need to format the disk in drive E: before you can use it." Pansi pake pali mabatani awiri, Format disk ndi Cancel. Dinani Cancel. Zambiri zimene ndilembe m'munsimu zipindulira munthu amene wadina Cancel.

Kawirikawiri disiki yotereyi siinafe ayi. Yambani mwafunsa mwini wake kuti amaigwiritsa ntchito pa makina anji. Akati pa MacBook, kapena pa laputopu imene anaikamo Ubuntu (mtundu wa Linux, pulogalamu yoyendetsera kompyuta m'malo mwa Windows), dziwani kuti disikiyo siikudwala, makina awiriwo ndiwo sakumvana. Disiki imagawidwa m'zigawo, zija okonza makompyuta amati mapatishoni, ndipo chigawo chilichonse chili ndi kaundula wake wonena kuti fayilo yakutiyakuti yayambira apa, yathera apo. Kalembedwe ka kaundulayo ndiye fomati. Windows imalemba mu NTFS, imene Microsoft anaibweretsa mu 1993. Ubuntu, Linux Mint ndi anzawo ambiri amalemba mu ext4, imene inakhazikika kumapeto kwa 2008. Mac zakale zinkalemba mu HFS+, koma kuyambira 2017 Apple anasamukira ku APFS. Windows ikakumana ndi ext4 kapena APFS imachita ngati munthu wosadziwa zilembo za Chiarabu amene watola kope la mwana wa ku madrasa, n'kumati mulibe mawu umu, tingofufuta tilembemo zathu.

Kuno ku Zomba zoterezi sizisowa. Ophunzira za makompyuta ku Chanco amakonda kukhala ndi Windows ndi Linux pa laputopu imodzi. Wojambula maukwati amakonzera vidiyo pa Mac, pomwe eni ukwati ku Matawale ali ndi HP. Ndiyeno pali uja amene laputopu yamufera ku Chikanda pomwe kafukufuku wake wa chaka chomaliza ali m'katimo, wachotsa disiki, waiika m'kabokosi ka USB, ndipo akuyenda nayo m'thumba kufunafuna poitsegulira.

Kusamvanaku sikofanana mbali zonse. Linux imawerenga ndi kulemba NTFS, FAT32 ndi exFAT popanda kuonjezera kanthu, imawerenganso HFS+. Mac imawerenga NTFS koma siilembamo, ndipo ext4 siidziwa n'komwe. Windows ndiyo yaumbuli kuposa onse: kunja kwa mafomati a kwawo ku Microsoft, siiona kanthu.

Musanasankhe pulogalamu iliyonse, dzifunseni funso limodzi: mukufuna kungotengamo mafayilo, kapena mukufuna kulembamo? Kutenga n'kosavuta, nthawi zambiri n'kwaulere, ndipo sikuononga chilichonse chifukwa kaundula uja sakhudzidwa. Kulemba ndi nkhani ina. Pulogalamu yachilendo ikalemba m'kaundula amene siikumumvetsa bwino, cholakwika sichionekera pomwepo. Chimadzaonekera mwini disiki atabwerera kwawo, makina ake n'kukana kudzuka. Anthu ambiri amene amati akufuna kulembamo, mukawafunsa bwino, amangofuna kukonza fayilo imodzi, chinthu chimene angachite ataikopera pa kompyuta yawo.

Disiki ya Linux, kompyuta ya Windows

Apa ndi pamene pali njira zambiri, komanso pamene anthu amapwetekera kwambiri.

Yofulumira kuposa zonse ndi pulogalamu yongowerenga. DiskInternals Linux Reader ndi yaulere pa ntchito wamba, ndi yaing'ono moti siingakuthereni bandulo, ndipo imatsegula ext2, ext3, ext4, ngakhalenso HFS+ ndi APFS za ku Mac. Mukaitsegula imakuonetsani zigawo zonse za disiki, mumalowa m'chimene mukufuna, kusankha mafoda, n'kudina Save kuti iwakopere pa Windows. Siipatsa disikiyo chilembo ngati E: kapena F:, choncho simungatsegule fayilo mwachindunji kuchokera mu Word. Ena amaona ngati chilema chimenecho. Kwa ine ndiye ubwino wake, chifukwa palibe mpata woti muononge kanthu mwangozi. Mafayilo a munthu mu Linux amakhala mu foda ya home, m'kati mwa foda ina yokhala ndi dzina lake. Musataye nthawi m'mafoda a usr, etc ndi var, amenewo ndi a makinawo.

Amene ali kale ndi 7-Zip, pulogalamu ija timatsegulira mafayilo opanikizidwa, ali ndi njira ina imene ambiri saidziwa. Mukaitsegula ngati administrator, n'kulemba \\.\ pamalo pa adiresi, imaonetsa madisiki enieniwo, ndipo imalowa mu ext4 ngati ikulowa mu zip. Kuyambira 2022 imawerenganso APFS. Maonekedwe ake si okoma, koma pa fayilo imodzi kapena ziwiri imagwira ntchito popanda kudawuniloda china.

Pali Ext2Fsd, imene mukafufuza pa intaneti imatulukira pamwambamwamba chifukwa ndi yakale ndipo yalembedwa m'malo ambiri. Imapatsa chigawo cha Linux chilembo chake mu Windows, imalolanso kulemba. Vuto ndi lakuti mlengi wake anaisiya cha mu 2017, pomwe ext4 inapitirira kukula, ndipo zinthu zatsopano monga masamu otsimikizira kaundula siizidziwa bwino. Ndi imeneyi imene imadziwika ndi mbiri yoononga zigawo za Linux. Ngati mwaiika kale, isiyeni pa kuwerenga kokha. Ngati simunaiike, ilekeni.

Ya ndalama yodalirika ndi Linux File Systems for Windows ya kampani ya Paragon. Imawerenga, imalemba, disiki imaoneka mu File Explorer ngati ina iliyonse. Funso ndi lakuti mulipira bwanji, poti pamafunika khadi yolipirira kunja, ndipo tonse tikudziwa mmene nkhani ya ndalama zakunja ilili. Imabwera ndi masiku angapo oyeserera, amene amakwanira ngati ntchito yanu ndi ya kamodzi.

Kenaka pali WSL 2, imene ndi Linux yeniyeni yoyenda m'kati mwa Windows, yochokera kwa Microsoft eni ake. Njirayi ndi yokongola papepala, chifukwa wolemba mu ext4 amakhala Linux mwini wake osati mlendo. Mumatsegula PowerShell, windo la mu Windows lolemberamo malamulo, ngati administrator, kupeza nambala ya disiki, n'kulemba zonga izi:

wsl --mount \\.\PHYSICALDRIVE1 --partition 2

Mafayilo amaoneka mu File Explorer pansi pa Linux, mu foda ya mnt/wsl, ndipo mukamaliza mumalemba wsl --unmount. Koma ili ndi malire awiri amene amagwetsa anthu ambiri amene amaifuna. Loyamba, WSL imalanda disiki yonse kwa Windows, osati chigawo chimodzi, choncho siingatsegule Ubuntu amene ali pa disiki yomweyo imene Windows ikuyendera. Wophunzira wa laputopu ya disiki imodzi, amene anagawa pakati Windows ndi Ubuntu, apa watuluka kale. Lachiwiri, mafulashi ndi mamemori khadi siwalandira mwa njira imeneyi. Onjezanipo kuti imafuna Windows 11 kapena Windows 10 yosinthidwa bwino, ndi makina olola virtualization (kuyendetsa makina ena m'kati mwa ena) mu BIOS, zosankha za kompyuta zimene mumalowamo Windows isanadzuke. Ngati muli ndi madisiki awiri m'kompyuta, kapena mwalumikiza hadi disiki yochotsedwa mu laputopu ina, ndipo mawu olemba pa sikirini yakuda sakuopsani, ndi njira yabwino zedi. Kwa ena onse ndi mtunda wautali.

Fulashi yodzutsira Linux

Njira imene ndimaiika patsogolo pa zonsezi siifuna kuika kanthu mu Windows. Mumatenga fulashi ya 8 GB kapena kuposa, kuikamo Linux, n'kudzutsa kompyuta kuchokera pa fulashiyo. Linux imayenda osakhudza zimene zili m'kompyuta, ndipo imaona zigawo zonse nthawi imodzi: cha Windows, cha Linux, ndi disiki yakunja imene mwalumikiza. Mumangokoka mafoda kuchoka uku kupita uko. Mukazimitsa n'kuzula fulashi, kompyuta imadzuka monga inalili dzulo.

Mtengo wake ndi bandulo ndi kuleza mtima. Ubuntu ya masiku ano ili cha m'ma 6 GB, Linux Mint cha m'ma 3 GB. Pa ntchito yopulumutsa mafayilo Mint ndi yokwanira, ndipo maonekedwe ake sasokoneza munthu wozolowera Windows. Simuyeneranso kuidawuniloda nokha. Fayilo ya ISO, imene Linux imabweramo mukaidawuniloda, ndi yololedwa kugawana, ndipo m'tauni ya ophunzira ngati ino simungalephere kupeza wina amene ali nayo kale. Poiika pa fulashi pali Rufus, imene imafufuta fulashi yonse n'kuisandutsa ya Linux yokha, ndi Ventoy, imene imafufuta kamodzi kokha poyamba, kenaka inu mumangokoperamo mafayilo a ISO ngati nyimbo, malo otsala n'kumasungiramo zina. Amene amakonza makompyuta a anthu asankhe Ventoy, sadzabwereranso m'mbuyo.

Podzutsa, dinani batani losankhira podzukira kompyuta ikangoyaka: F12 pa Dell ndi Lenovo zambiri, F9 pa HP. Pa Ubuntu sankhani Try Ubuntu, osati Install. Mawu awiriwa ali moyandikana, koma lachiwirilo likhoza kukufufutirani disiki mukamangodina Next osawerenga. Pa Mint mumafikira pa desikitopu, ndipo kachizindikiro ka Install kali pakona, musakakhudze. Foda ya home ikakana kutseguka ponena kuti mulibe chilolezo, dinani batani lakumanja la mausi n'kusankha Open as Root.

Chenjezo limodzi lalikulu: musathamangire kuzimitsa Secure Boot, chitetezo chimene chimayang'ana zodzutsira kompyuta, mu BIOS chifukwa choti wina pa YouTube watero. Ubuntu imadzuka Secure Boot ili chiyakire. Ndipo pa laputopu imene ili ndi BitLocker, loko wa Windows wobisa deta, kusintha zoterezi kumachititsa Windows kufunsa kiyi yopulumutsira isanadzuke. Ngati kiyiyo mulibe, mwadzitsekera kunja kwa kompyuta yanu yomwe.

Pamene Linux yaona Windows koma yakana kulembamo

Mbali iyi inayenera kukhala yosavuta. Linux yakhala ikulemba mu NTFS kwa zaka zambiri kudzera mu ntfs-3g, ndipo mu 2021 kernel 5.15 (kernel ndiye mtima wa Linux) inalandira dalaivala watsopano wotchedwa ntfs3. Komabe dandaulo lofala kwa okhala ndi makina awiri pa laputopu imodzi ndi lakuti chigawo cha Windows chikutseguka, mafayilo akuoneka, koma Paste yazilala, palibe chimene chikulowa.

Wolakwa ndi Fast Startup. Kuyambira pa Windows 8, mukadina Shut down kompyuta siizima kwenikweni. Imasunga mbali ya zimene inali kuchita mu fayilo, kuti mawa idzuke msanga, ndipo imasiya chizindikiro pa disiki chakuti ntchito ili m'kati. Linux ikaona chizindikirocho imakana kulemba, ndipo imachita bwino kutero, chifukwa Windows ikadzadzuka idzapitiriza ndi kaundula amene inaloweza dzulo, osadziwa kuti wina wasinthamo. Mankhwala a lero lokha ndi kubwerera mu Windows n'kudina Restart, kapena kugwira Shift podina Shut down. Mankhwala okhalitsa ali mu Control Panel, Power Options, Choose what the power buttons do, n'kuchotsa chizindikiro pa Turn on fast startup. Amene safuna kuyendayenda m'mawindo alembe powercfg /h off ngati administrator, koma adziwe kuti Hibernate, kuja kompyuta imazima itasunga zonse zimene munatsegula, nayo ipita.

Nanga Windows ikakhala kuti yafa, siikudzuka kuti muizimitse bwino? Musalimbane ndi kulemba. Kuwerenga kokhako ndi kumene mukufuna: koperani zonse pa disiki ina. Pa intaneti mudzaona ena akulangiza ntfsfix. Kapulogalamu kameneka kamakonza tinthu ting'onoting'ono ndi kuuza Windows kuti idzadziyeze yokha, si chkdsk, pulogalamu ya Windows yokonzera disiki, ndipo sikachiritsa NTFS yoonongeka.

BitLocker ndiye khoma limene palibe pulogalamu yolidumpha. Malaputopu ambiri atsopano a Windows 11 amabisa deta okha munthu akangolowa ndi akaunti ya Microsoft, mwini wake osadziwa n'komwe. Mukachotsa disiki yotere n'kuilumikiza kwina, pamafunika kiyi ya manambala 48, imene nthawi zambiri imasungidwa mu akaunti ija. Linux imatsegula BitLocker kudzera mu cryptsetup kapena dislocker, Windows ina nayo imatsegula, koma onse amafunsa kiyi yomweyo. Tsono taganizani laputopu yogula kwa munthu, imene akaunti anakutsegulirani ndi wogulitsa, inu simudziwa ngakhale imelo yake. Lero, kompyuta ikadali yamoyo, lowani mu Settings muone ngati Device encryption ili yoyaka, ndipo lembani manambalawo papepala. Chimodzimodzi ndi LUKS ya ku Linux ndi FileVault ya ku Mac: popanda mawu achinsinsi, fomati kuidziwa sikuthandiza.

Za a Mac

Wojambula vidiyo amene walandira hadi disiki ya kasitomala, ya NTFS, amaona mafayilo onse koma sangaikemo vidiyo ya ukwati. Njira zolipira ndi Paragon NTFS for Mac ndi Tuxera NTFS for Mac, zonse zodalirika. Yaulere ndi kuphatikiza macFUSE ndi ntfs-3g, nthawi zina kudzera mu kapulogalamu ka Mounty, koma ndi yochedwa pokopera mafayilo aakulu ndipo imakonda kusokonekera macOS ikasinthidwa. Pa Mac za M1 ndi zotsatira zake, madalaivala olowa m'kati mwa makina amafuna kuti mulowe mu Recovery n'kutsitsa chitetezo. Kwa munthu amene Mac ndiyo khasu lake, ndipo makasitomala amabwera ndi madisiki a NTFS sabata ndi sabata, kulipira kamodzi kuli ndi nzeru. Kwa wa kamodzikamodzi, ndi bwino kudutsira pa fulashi ya exFAT.

Kubwerera kwinaku, disiki ya Mac pa Windows, yambani mwadziwa ngati ndi HFS+ kapena APFS. HFSExplorer ndi yaulere, imangowerenga, imafuna Java, ndipo APFS siidziwa. Linux Reader ija imakwanitsa zonse ziwiri. Ofuna kulemba ali ndi MacDrive kapena APFS for Windows ya Paragon, zonse za ndalama. Fulashi ya Linux pano mphamvu zake zimachepa: HFS+ imaiwerenga bwino, kulemba kokha imakana pokhapokha journaling (kabuku kamene disiki imalembamo zimene ikufuna kusintha) itazimitsidwa pa Mac, ndipo APFS imafuna kuonjezera apfs-fuse, imene imangowerenga. Kunena zoona, disiki ya APFS njira yake yachidule ndi kupeza munthu wa Mac, kumupempha mphindi zochepa.

MacBook zatsopano musaganize n'komwe zochotsa disiki. Inawotcheredwa pa bolodi.

Kuzemba vuto lonse

Ngati makina onse awiri ali amoyo, palibe chifukwa choti wina awerenge kaundula wa mnzake. Aliyense atsegule disiki yake, mafayilo adutse pa netiweki. LocalSend ndi yaulere, ilipo pa Windows, Mac, Linux, Android ndi iPhone, ndipo imangofuna kuti makina awiriwo akhale pa Wi-Fi imodzi. Hotspot ya foni imakwanira, ndipo mafayilowo sadya bandulo chifukwa satuluka kupita pa intaneti. Pa zolemba ndi zithunzi palibe yoposa imeneyi. Pa mavidiyo a 200 GB mudzagona pomwepo. Zikatero lumikizani makina awiriwo ndi chingwe cha netiweki, mugawane foda kudzera mu SMB, imene Windows ndi Mac ali nayo kale, Linux n'kuipeza kudzera mu Samba.

Virtual machine, kompyuta yoyerekezera yoyenda m'kati mwa kompyuta yanu, monga VirtualBox yokhala ndi Linux m'kati, imagwiranso ntchito pa disiki ya USB, koma pa laputopu ya 4 GB ya RAM ndi chizunzo. Ndingoitchula kuti musati ndinaiiwala.

Tsono disiki yoyenda nayo, imene lero ili pa Mac, mawa pa Windows ya ku ofesi, mkuja pa Ubuntu, ikhale mu fomati yanji? Opikisana ndi atatu.

FAT32 ndi ya mu 1996, ndipo palibe makina amene saidziwa: TV, wailesi ya m'galimoto, sipika ya m'minibasi ya ku Chinamwali, makina osindikizira akale a m'tauni. Chilema chake n'chimodzi koma chachikulu: fayilo imodzi siingafike 4 GB. Fulashi ili ndi malo 50 GB opanda kanthu, koma vidiyo ya 5 GB ikukana ndi uthenga wakuti "The file is too large for the destination file system." Windows nayo, pawindo lake lofomatira, siionetsa FAT32 pa disiki yoposa 32 GB, ngakhale Rufus ndi Linux amatha kutero. Ya nyimbo ndi mapepala okasindikiza, FAT32 ikadali mfumu.

exFAT inabwera mu 2006 kudzachotsa malire a 4 GB aja. Mac inayamba kuiwerenga ndi kuilemba mu 2010. Mu 2019 Microsoft anatulutsa poyera kapangidwe kake, ndipo Linux inailandira m'kati mwa kernel. Mamemori khadi oposa 32 GB amabwera ali kale mu exFAT. Ndiyo fomati yokhayo imene makina atatu onsewa amalemba mosakakamiza komanso yonyamula mafayilo aakulu, choncho pa disiki yoyenda pakati pa Mac ndi Windows mpikisano palibe. Koma ili ndi chofooka chimene ogulitsa sanena: ilibe journaling. NTFS, ext4 ndi HFS+ zimayamba zalemba m'kabuku kapadera zimene zikufuna kusintha, kuti magetsi akathima ntchito ili pakati zidziwe pobwerera. exFAT ilibe kabukuko. Pa laputopu ya batire yamoyo vutoli ndi laling'ono, poti disiki ya USB imadya moto wa laputopuyo. Pa desikitopu yopanda UPS (batire yosungira magetsi), kapena laputopu ija imazima chaja ikangosuntha, magetsi kuthima mukukopera kukhoza kusokoneza foda yathunthu. Nyengo ya mvula, mphezi zikamang'anima kuphiri uko, ganizirani kawiri musanayambe kukopera zazikulu. Ndipo Eject pa exFAT si mwambo chabe, dinani ndithu musanazule. Ndiye exFAT ikhale yonyamulira. Zithunzi za ukwati zimene zilibe kope kwina zisagone pamenepo pokha.

Mukatenga disiki ku Mac n'kuilumikiza pa Windows mudzaona timafayilo tachilendo toyamba ndi ._ ndi kena kotchedwa .DS_Store. Si vairasi. Ndi zinyenyeswa za Mac, ndipo pa TV ndi tija timaoneka ngati mavidiyo okana kusewera.

NTFS ndiyo ndimasankha pamene Mac palibe m'nkhani. Pa laputopu ya Windows ndi Ubuntu, dulani chigawo chachitatu cha NTFS chosungiramo zolemba, nyimbo ndi mavidiyo, zimitsani Fast Startup, basi makina onse awiri adzidya m'mbale imodzi popanda pulogalamu yoonjezera. Chokhacho, musaike foda ya home ya Linux pamenepo, chifukwa zilolezo za mafayilo za ku Linux siziyenda bwino pa NTFS. Samalaninso maina. Linux imalola zizindikiro monga : ndi ? ndi * m'dzina la fayilo, Windows imazikana. Kwa Linux, Ripoti.docx ndi ripoti.docx ndi mafayilo awiri. Kwa Windows ndi dzina limodzi, ndipo pokopera ina ikhoza kukwirira inzake.

Kusintha fomati ya disiki kumafufuta zonse, choncho mafayilo ayambe asamukira kwina. Chosiyana ndi FAT32 kupita ku NTFS, kumene lamulo la convert E: /fs:ntfs limasintha osafufuta, koma ndi ulendo wopita wokha, ndipo ngakhale pamenepo kope likhalepo.

Pamene vuto si fomati

Uthenga wofuna kufomata umabweranso pa disiki imene yakhala ya Windows moyo wake wonse. Pamenepo ndiye kuti kaundula waonongeka, kapena disiki yayamba kufa. Mverani ndi khutu. Ikamalira kuti tcha, tcha, tcha, kapena ikamatenga mphindi zambiri kutsegula foda imodzi, mapulogalamu onse ndatchula aja sakuthandizani, ndipo kuyesayesa kumangoifupikitsira moyo. Chofunika ndi kujambula disiki yonse kupita pa ina yaikulu kuposa iyo, pogwiritsa ntchito ddrescue kuchokera pa fulashi ya Linux, imene imayamba ndi malo abwino, ovutawo n'kuwabwerera pambuyo. Kufufuza mafayilo kuchitike pa kopelo.

Amene anafomata kale asataye mtima msanga, koma aleke kulembamo chilichonse kuyambira pano. Quick format pa hadi disiki yozungulira imalemba kaundula watsopano, deta yambiri n'kukhala ili pomwepo. TestDisk nthawi zina imabwezeretsa chigawo chotayika, ndipo PhotoRec imatola mafayilo mmodzimmodzi, ngakhale amabwera opanda maina awo ndi mafoda awo, inu n'kukhala pansi kutsegula zikwi za mafayilo kufuna chaputala 4. Zonse ziwiri ndi zaulere. Zimene zapezeka zisungidwe pa disiki ina, osati yomweyo. Pa SSD, disiki ija yopanda zozungulira m'kati, mwayi ndi wochepa, chifukwa makina amaiuza kuti ipukute malo amene aoneka opanda ntchito.

Palinso memori khadi ya m'foni. Mafoni ena a Android, kuyambira pa Android 6, amafunsa mukaika khadi yatsopano ngati mukufuna ikhale yonyamulira kapena ikhale mbali ya malo a m'kati mwa foni. Mukasankha chachiwiricho, foni imaifomata mwa njira ya Linux n'kuibisa ndi kiyi imene imakhala m'foni momwemo. Khadi yotere mukaiika mu laputopu, Windows imapempha kufomata, Linux imaona chigawo chosawerengeka, ndipo Linux Reader, Paragon ndi WSL onse amagwira m'chiuno. Ibwezereni m'foni imene inachokera, lumikizani foniyo ndi chingwe, sankhani File transfer, mukopere kuchokera pamenepo. Ndipo ngati foniyo ikupita kwa okonza mafoni kumsika kuti akaifulashe, koperani zithunzizo isananyamuke, chifukwa foni ikabwezeredwa pa chiyambi kiyi ija imafufutika, khadi n'kutsala ndi deta imene ngakhale foni yomweyo siingaiwerengenso.